Wa pa kanema akadzapempha voti pa Kachulu

Ana anga a pa Kachulu, ndi inu a ku Chisi amene mumakocheza pa doko lathu, pali nkhani imene ndimaimva ikukambidwa mopepuka pa bawo ndi pa mathandala oyanikapo matemba, chonsecho ndi yofunika kuikhalira pansi. Ndi ya anthu amene tinawadziwira m'masewero a pa kanema, kenako n'kuwaona atalowa ndale, wina mpaka ku Nyumba ya Malamulo, wina mpaka kukhala wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko. Mukaiyamba mumagawikana. Ena mumati wanthabwala ndi wanthabwala basi, boma si bwalo la zisudzo. Ena mumati ameneyo ndiye wathu, amalankhula ngati ife, mavuto athu amawadziwa. Nonsenu mukuweruza munthu ndi malaya amene anavala m'sewero, ndipo ndi pamenepa pamene ndikufuna tikonzane.

Tiyambe ndi a Michael Usi, mwana wa ku Mulanje, kuphiri kumene mtsinje wa Phalombe umachokera usanadzathire m'nyanja yathuyi. Ambiri a ife dzina loti Usi tinalimva mochedwa. Tinkadziwa Manganya wa mu Tikuferanji, sewero limene linamveka pa wailesi ndi kuoneka pa kanema wa boma kwa zaka zambiri, mothandizidwa ndi bungwe la ADRA, kumene iwowo ankagwira ntchito mpaka kudzakhala mkulu wa bungwelo m'dziko muno. Inu achinyamata a lero kulemera kwa sewero limenelo simungakumvetse msanga. Inali nthawi imene Edzi inkasesa midzi, maliro lero maliro mawa, koma pamaliropo palibe ankalitchula dzina la matendawo. Tinkangoti wadwala nthawi yaitali. Kuno kunyanja, kumene bambo amatha miyezi ali pa zimbowera, timisasa toyandama pa nyanja, kutali ndi banja lake, ndalama ya nsomba ili m'thumba, tinaika anzathu ambiri m'manda. Sewero lija linalowa pamene mfumu, m'busa ndi shehe ankachita manyazi kulowa. Munthu unkaseka mpaka misozi, kenako uli zii, wazindikira kuti amene ukumusekayo ndiwe wemwe. Imeneyo inali ntchito yopulumutsa miyoyo, ndipo aliyense wofuna kunena kuti "wanthabwala chabe" ayambe wakumbukira zimenezi.

Ulendo wawo wa ndale mukuudziwa, koma ndiubwereze mwandondomeko chifukwa muli mfundo imene ambiri mumailumpha. Pa chisankho cha 2019 malemu Saulos Chilima anawasankha kuti ayime nawo m'chipani cha UTM, ndipo anathera pa nambala yachitatu. Khoti litathetsa zotsatira za chisankhocho mu Febuluwale 2020, n'kuchitika chobwereza mu Juni chimene anapambana a Lazarus Chakwera, a Usi anapatsidwa unduna wa zokopa alendo, chikhalidwe ndi nyama zakutchire. Mu 2023 anawasamutsira ku unduna wa zachilengedwe ndi kusintha kwa nyengo, umene nthambi ya za nsomba inali pansi pake. Apa ndiye kuti Manganya uja anakhala nduna yoyang'anira matemba, makumba ndi milamba yathu. Kenako linabwera tsoka la pa 10 Juni 2024, ndege itagwa m'nkhalango ya Chikangawa n'kupha a Chilima ndi anthu ena asanu ndi atatu. Pa 21 Juni a Usi analumbira kukhala wachiwiri kwa mtsogoleri wa dziko m'malo mwa a Chilima.

Mfundo imene mumailumpha ndi yakuti mipando yonseyi, unduna ngakhalenso wachiwiri uja, anawapatsa ndi mtsogoleri wa dziko monga malamulo amamulolera. Sinachokere m'bokosi la mavoti. Tsiku limene Amalawi anafunsidwa mwachindunji za iwo linali 16 Seputembala 2025, pamene anayima paokha ndi chipani chawo cha Odya Zake Alibe Mlandu. Anapambana ndi a Peter Mutharika, ndipo a Usi sanafike ngakhale pa voti imodzi mwa mavoti 100 alionse. Munthu amene nkhope yake amaidziwa ngakhale mwana wa ku Chisi. Sindikunena izi mowaseka ayi. Mutu ukakula sulewa nkhonya, ndipo kuyima pamaso pa dziko lonse n'kulandira yankho lotere kumafuna mtima wolimba. Ndikungofuna muone kuti anthu amene anakukonda pa kanema sanalonjeze kukupatsa dziko. Amalawi ambiri tsiku limenelo anasiyanitsa ziwirizi, kaya pa zifukwa zabwino kaya chifukwa chongotsata zipani zikuluzikulu ndi zigawo zimene amachokera, monga timachitira nthawi zambiri.

Nanga kusiyana kwake kuli pati? M'sewero wolemba amadziwa mathero asanayambe. Wakuba amagwidwa mphindi makumi atatu zisanathe, mkazi wozunzidwa amapeza womumvera, bwana wakatangale amachita manyazi anthu akuona. Mawu akalakwika, wojambula amaimitsa n'kuyambiranso. Mu ofesi mulibe kuyambiranso, madzi akatayika saoleka. Ndalama imene nduna yalonjeza iyenera kudutsa ku Nyumba ya Malamulo, ikatuluke ku thumba la boma, ifike ku khonsolo ya Zomba, ndipo panjira ponsepo pali manja ambiri amene ndunayo siiwalamulira. Chinanso, Manganya anali ndi ufulu umene nduna ilibe. Ankatha kudzudzula wapolisi, dokotala, mfumu, ngakhale wandale, tonse n'kuwomba m'manja. Nduna ikalumbira imamangika ndi zimene nduna zinzake zagwirizana. Ikatsutsa poyera ndiye kuti yatsanzika ntchito. Pakamwa pamene pankatilankhulira pamayamba kuyeza mawu. Walira mvula walira matope.

Palinso mtolo wina umene munthu wa zisudzo amalowa nawo m'ndale, ndipo umandimvetsa chisoni. Ali wachiwiri kwa mtsogoleri, tinawaona a Usi m'mafoni akuyenda m'misika, akucheza ndi amayi ogulitsa, akulowa m'maofesi a boma mwadzidzidzi n'kufunsa chifukwa chimene ntchito sikuyendera. Ena a inu munati awa ndiye akugwira ntchito. Ena munati akupitiriza Tikuferanji. Onani tsoka lake: akakwiya zenizeni anthu amati ndi sewero, ndipo tsiku limene angachite sewero ena adzati ndi zenizeni. Kanema wa mphindi ziwiri wa pa foni sangakuuzeni kuti choona n'chiti. Chimene chingakuuzeni ndi kubwerera ku ofesi ija patatha miyezi itatu, wojambula atachoka, n'kuona ngati mzere wa anthu wafupika, ngati mankhwala afika pa shelefu. Kandimverere anakanena za m'maluwa.

Amene analowadi kudzera m'bokosi la mavoti ndi a Bon Kalindo, amene tonse timawatchula ndi dzina lawo la m'masewero loti Winiko, nawonso a ku Mulanje. Mu 2014 anthu a kummwera kwa Mulanje anawasankha kukhala phungu wawo pa tikiti ya DPP. Chimene dziko limawakumbukira nacho pa zaka zisanu zimenezo ndi ulendo wa mu 2016 ku Lilongwe, pamene anatsogolera anthu kupita ku Nyumba ya Malamulo atavula n'kungotsala ndi kabudula, kufuna kuti opha anthu achialubino azipatsidwa chilango cha imfa. Za chilango cha imfacho tikhoza kutsutsana mpaka dzuwa kulowa. Koma kumbukirani kuti masiku amenewo abale athu achialubino ankagona ndi mantha, manda ankafukulidwa, ndipo boma la Machinga, loyandikana nafe pa nyanja yomweyi, linali limodzi mwa maboma amene nkhanzazi zinakula. Munthu wodziwa kukoka maso a anthu anagwiritsa ntchito luso lakelo kuti dziko lisayang'ane kumbali. Pamenepo ndimawalemekeza.

Koma mu 2019 mpando uja sanaubwerere. Kuyambira 2021 tinawaona akutsogolera zionetsero za kukwera mitengo kwa zinthu, akumangidwa ndi kutulutsidwa kangapo. Ine ndimaona ngati mawu awo amalemera kwambiri pa msewu kusiyana ndi mmene ankalemerera m'Nyumba muja, ndipo si chipongwe kutero. Ntchito yeniyeni ya phungu ndi yosasangalatsa kuonera: kuwerenga mabilu a masamba ambirimbiri, kukhala m'makomiti mmene mulibe wojambula, kufufuza m'buku la bajeti kuti aone ngati msewu wa kwawo ulimo, kubwerera kwa nduna kachitatu ndi funso lomwe lomwelo. Palibe amawomba m'manja. Munthu amene wazolowera kuti akatsegula pakamwa bwalo lonse ligwedezeke ayenera kuphunzira kupirira chete ameneyo, ndipo si onse amatha.

Kunja nakonso zilipo, ndipo mathero ake ndi osiyana. Ronald Reagan anali wa mafilimu ku Hollywood, koma asanakhale mtsogoleri wa America mu 1981 anayamba walamulira dera la California kuyambira 1967 mpaka 1975. Ku Philippines, Joseph Estrada ankasewera ngati mtetezi wa osauka, osaukawo n'kumuvotera mwaunyinji mu 1998. Mu 2001 anachotsedwa pa mpando, mu 2007 khoti n'kumupeza wolakwa pa mlandu wosakaza chuma cha dziko. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Ku Ukraine, Volodymyr Zelensky ankasewera ngati mphunzitsi amene wakhala mtsogoleri wa dziko mwangozi, ndipo mu 2019 anasankhidwadi. Russia italowa m'dziko lake mu Febuluwale 2022, nkhondo imene ifenso tinaimva pa mtengo wa feteleza, iye sanathawe mu mzinda wa Kyiv. Palibe akanadziwa zimenezo pongoonera sewero lake, monganso palibe akanadziwa za Estrada pongoonera mafilimu ake.

Tsono tibwere kwathu, chifukwa sindikulemba izi kuti tizingokamba za anthu a kutali. Tsiku lina pa doko pano padzaima galimoto ya zimkuzamawu, padzatsika munthu amene mumamuonera m'mavidiyo a m'misasa ya bango, momwe jenereta imalira kuseri, ana akusuzumira m'ming'alu chifukwa alibe yolipira pakhomo. Mwina adzakhala wa masewero a pa Facebook kapena TikTok, popeza masiku ano kutchuka sikudikiranso kanema wa boma. Adzalankhula ndi mawu omwe aja amene mumawakonda, mudzaseka, amayi adzalulutira. Sekani ndithu, kuseka si mlandu. Koma msodzi wa pa Chilwa sakhulupirira madzi ndi maso. Amayamba wapisa nsungwi kuti adziwe ngati pansi pali mchenga kapena matope omiza mwendo. Mukatha kuseka, mupiseni nsungwi munthuyo.

Mufunseni za nyanja. Chilwa ilibe mtsinje wotulutsa madzi, ndi yosaya, ndipo moyo wake uli m'mitsinje imene imaithira: Likangala, Domasi, Thondwe, Phalombe ndi ina. Inaphwa mu 1968, inaphwanso mu 1995, inatsika koopsa mu 2012, ndipo mu 2018 ambiri a inu munaona ndi maso anu mabwato atagona pa dothi long'aluka, anyamata akukumba ngalande ndi kukankha bwato m'matope kuti odwala ndi katundu afike ku Chisi. Kenako mu Malichi 2023 namondwe Freddy anabweretsa madzi ochuluka mpaka kumiza minda ndi nyumba. Wofuna kukuyimirani anene chimene akudziwa pa zimenezi. Kodi akumvetsa kuti mtengo wodulidwa pa phiri la Zomba ndi munda wolimidwa m'mphepete mwa Likangala zimathera kuno ngati matope okwirira nyanja? Kodi akudziwa kuti kuyambira 1997 nyanjayi ili pa mndandanda wa madambo ofunika pa dziko lonse pansi pa pangano la Ramsar, ndipo kuti pangano limenelo limaika udindo pa boma? Ngati sadziwa, si mlandu waukulu, munthu amaphunzira. Koma muone ngati akuvomera kuti sadziwa n'kufunsa, kapena akuthawira ku nthabwala. Ndadziwa kale anamanga nyumba yopanda khomo.

Mufunseni za nyengo yotseka nyanja. Apa ndi pamene mudzamuone bwino, chifukwa yankho lokoma m'makutu ndi lomwe likupheni. Wandale wofuna kuwomberedwa m'manja adzati asodzi akuzunzika, asiyeni aphe nsomba. Tonse tikudziwa kuti dzinja likafika, nkhokwe zili gwa, kuuza bambo wa ana asanu kuti apachike khoka lake n'kowawa. Koma tikudziwanso kuti nsomba zimaswana nthawi yomweyo, ndiponso kuti amene amakokera masikito m'madzi amakokolola ndi timwana tomwe tikanakhala matemba a chaka chamawa. Munthu woyenera ndi amene adzakuuzani pamaso kuti lamulolo likhalapo, kenako n'kufotokoza chimene asodzi adzadye m'miyezi imeneyo, ndi mmene makomiti a m'madoko adzathandizidwire kuti lamulo lisamangogwira wosauka wa bwato limodzi n'kusiya mwini makoka ambiri. Mawu oterowo sawomberedwa m'manja tsiku lomwelo. Mawu a akuluakulu amakoma akagonera.

Mufunseninso za kolera. Inu amene munakhalapo pa zimbowera mukudziwa mmene moyo ulili pa timisasa toyandama pa njedza: madzi akumwa ndi omwewo, osamba ndi omwewo, chimbudzi ndi momwemo. Mliri umene unayamba kumapeto kwa 2015 unachititsa kuti mu 2016 katemera wa kolera apite mpaka kwa asodzi a pakati pa nyanja. Katemera amathandiza, koma sakumba mjigo, samanga chimbudzi pa doko, sakonza msewu wa ku Zomba umene mvula ikagwa wodwala amafika kuchipatala mochedwa ndipo nsomba zimafika kumsika zitatsika mtengo. Zinthu zimenezi zimachitika pokhapokha wina atazilondola m'mapepala a khonsolo chaka ndi chaka. Mufunseni kuti ndalama za chitukuko cha m'dera zidzayenda bwanji, ndani adzasankhe ntchito zake, ndipo malisiti adzaonetsedwa kuti.

Akatulutsa ndalama m'thumba n'kuyamba kugawa, dziwani kuti lamulo la zipani za ndale la 2018 limaletsa kugawa ndalama ndi zinthu pokopa mavoti. Ndikudziwa kuti njala siidziwa lamulo, ndipo sindingaloze chala mayi amene walandira. Koma musawerenge ndalama imeneyo ngati umboni wa mtima wabwino. Imeneyonso ndi mbali ya chionetsero, kaya wogawayo anachokera ku zisudzo kaya ku bizinesi.

Ndipo apa ndinene chimene chimandivuta ndi inu amene mumanyoza a zisudzo. Mafunso onsewa simuwafunsa kwa andale enawo. Akabwera wa tayi ndi digiri, kapena mwana wa munthu wotchuka, mumangogwada. Chonsecho pa nsanja ya msonkhano onse amachita sewero: amavala nsalu ya chipani, amavina ndi amayi, amalira pa maliro a munthu amene sanamuonepo. Kusiyana kwake n'kwakuti wa zisudzo uja tinamuona akuphunzira luso limenelo poyera. A Usi ali ndi maphunziro mpaka digiri ya udokotala ndipo anayendetsapo bungwe lalikulu. Amene amawachepetsa chifukwa cha Manganya ndi wolakwa chimodzimodzi ndi amene amawakweza chifukwa cha Manganya. Muyeso ukhale umodzi kwa onse.

Mawu ena ndi anu, adzukulu anga amene mumachita masewero kusukulu, kutchalitchi, ku madrasa ndi m'magulu a achinyamata, inu amene mumajambulana ndi foni pansi pa mtengo wa mango n'kutumiza pa intaneti. Luso lanu si makwerero opitira ku ndale. Ndi ntchito payokha, ndipo mudzi umaifuna. Malemu Du Chisiza Jr., amene anayambitsa gulu la Wakhumbata, anakhalapo nduna m'masiku omaliza a boma la MCP mu 1993, koma lero amene amamukumbukira amakumbukira masewero ake, unduna uja ndi ochepa amautchula. Sewero labwino la khoka la masikito, lochitidwa pa doko tsiku la msika, likhoza kusintha mitima yambiri kuposa chikalata cha ku ofesi ya za nsomba. Musapeputse mphamvu imeneyo, ndipo musaigulitse kwa wandale amene adzakulembani ganyu yoseketsa anthu iye asanakwere pa nsanja. Mukatero, tsiku limene mudzafune kumudzudzula anthu adzati wasowa malipiro.

Ngati mtima wanu ukukuuzanidi kuti mutumikire, sindikuletsani, dziko ndi lanu. Koma yambirani pansi. Lowani mu komiti ya pa doko kapena ya chitukuko cha m'mudzi, musunge buku la ndalama chaka chathunthu popanda tambala kusowa, muweruze mkangano wa asodzi awiri amene onse ndi abale anu, muuze amalume anu kuti khoka lawo ndi losaloledwa. Mukapirira zimenezo, yesani ukhansala. Ndipo mukalowa, sankhani chimene muli. Mapanga awiri avumbwitsa. Anthu ayenera kudziwa kuti amene akulankhula lero ndi khansala wawo, osati munthu wa m'sewero uja, ngakhale nkhope ndi mawu zili zomwezo. Zimenezi zimatheka pamene mwasiya kufunafuna kuseka kwa anthu pa nkhani zimene si zoseketsa.

Kwa inu mafumu ndi akuluakulu a makomiti, pempho langa ndi laling'ono. Chisankho chachikulu chotsatira chili mu 2030, koma ofuna mipando amayamba kuzungulira kusanache. Aliyense wobwera kudzapempha bwalo, wotchuka kapena wosatchuka, muuzeni kuti akatha kulankhula akhale pa mpando ayankhe mafunso a asodzi, a amayi owamba milamba, a alimi a mpunga a ku sikimu ya Likangala ndi a anyamata a kabaza, zimkuzamawu zitazimitsidwa. Mlembi wa komiti alembe m'kope chilichonse chimene walonjeza, tsiku lake, ndi mayina a mboni, iye asayine pansi pake. Kopelo lisungidwe kwa amfumu, ndipo liziwerengedwa pa msonkhano wa mudzi kamodzi pa chaka, nyanja ikangotsekedwa, pamene anthu onse ali pamudzi.